Mpendero Wosasoka

Ndinatsika Sakaramento pa mlatho wa ku Chibavi,
mvula ya Juni ikuwaza mwaulesi.
Mphete ndinali nditaivula kale,
nditaimanga pa nsonga ya chitenje
pamene ndimamangapo chenji.

Njira yonse ndinkaloweza mawu.
Pofika pa geti onse anali atabalalika,
kungotsala awiri okha: odi kuno.

Bambo, munali pakhonde mukupala thabwa la paini,
fungo la ku Chikangawa lija
limene silinakuchokeni m'malaya chisiyireni ntchito.
Mayi, makina anu ankatafuna yunifolomu ya mwana wa eni.
Mwatitha ndiye anayamba kuona
kuti ndikungosisita chala chopanda kanthu.

Ndinati, Lachisanu lapitali, cha m'ma teni,
ine ndi Khwima tinakwera masitepe a kwa DC.
Mboni zathu anali mnyamata wa fotokope
ndi mayi wina wodzadandaula za malire a puloti yake.
Nthungululu panalibe. Kalaliki anali ndi chimfine.
Titatuluka tinagawana tchipisi cha pachiwaya ku Taifa,
mphanda imodzi, anthu awiri.

Makina anaima.
Dzanja la bambo linaima pakati pa thabwa.
Kunja madontho a padenga ankagwera m'ndowa,
ndinawerenga mpaka khumi ndi anayi.

Ndiye ife timve ngati uthenga wa pawailesi?
Munatero mayi, maso ali pa singano.
Anzanga a Mvano ndikawauza chiyani,
ine amene ndavina pa maukwati a ana a eni onse,
kufupa mpaka chikwama kupepuka,
ndikumati langa tsiku likubwera?

Sitinathawe inu, mayi.
Tinathawa mtengo wa holo ya ku Katoto,
komiti yokumana kasanu ndi kawiri
kukangana za mtundu wa mabaluni,
amalume a ku Ekwendeni
owerenga ng'ombe zimene Khwima sanakhalepo nazo,
zaka ziwiri za dikirani tikolole, dikirani maliro apole.
Tinatopa kukondana pa depoti
wina akukwera, wina akutsala.

Ndinadziwa kuti mawu amenewa sakukwana.
Ndiye ndinatsegula jumbo.

Diresi la pa kaunjika, loyera mwa apo ndi apo,
lalitali kuposa ine,
m'munsi mwake mapini okhaokha.
Ndinalowa nalo kwa DC likundibaya m'akakolo.
Matelala onse a mu Mzuzu ndinawadutsa.
Mpendero uwu ndinasungira inu.

Munalilandira ngati mwana wodwala,
munalitembenuza, munaliunika pa windo.
Mapiniwa anabaya ndani? Wakhotetsa zonse.

Bambo, chipinda chathu ku Zolozolo
chitseko chake sichitsekeka,
usiku timatsamiritsako mpando ndi chigubu cha madzi.
Simunandiyang'ane.
Munapuzira utuchi pa thabwa, nthawi yaitali ndithu,
kenaka munafunsa khoma:
Felemu yake ndi ya mainchesi angati?

Sindikudziwa.

Nanga mwamunayo akudziwa?

Ali pa okala ya anyaKumwenda,
chiimire kuyambira ndilowe muno,
shuga m'khwapa, tambala m'manja,
ambulera anandipatsa ine.

Muuze alowe, chibayo sichidziwa za kwa DC.
Koma thenga wake abwere Loweruka.
Pepala la boma silinagogodepo pakhomo panga.

Mwatitha sanadikire chilolezo.
Anatulukira kumvula n'kuimba nthungululu
yochedwa ndi masiku asanu,
yosweka pakati chifukwa sanaiphunzire bwino,
agalu a kwa aneba n'kumuyankha.

Tsopano ndaima pa mpando, diresi lili m'thupi,
mphete yabwerera pa chala.
Panja ndikumva bambo akufunsa Khwima
ngati anagwirapo sowo chibadwire.
Mayi mwagwada, mapini ali kukamwa,
simunanene kuti mwakhululuka.
Mwangoti, ima bwino,
ndipo singano yandibaya pa kakolo kawiri.
Kachiwiriko ndikuganiza kuti munachita dala.